Kambalame m'dzanja la Mwana

Okondedwa azakhali a Lapa,

Ndikhulupirira muli bwino ku Pisa kumeneko. Ife kuno ku Siena tiliko ndithu, mphesa zayamba kuphukira.

Amuna anga a Ghino amaliza chithunzi cha paguwa chija. Mwana Yesu wagwira kambalame kofiira kumaso, kaja kokonda kudya m'zitsamba zaminga. Mkulu wa osoka nsapato, amene anawapatsa ntchitoyo, anakwiya: "Ndinati mujambule chimwemwe, a Ghino! Nanga Amayi Mariya akuyang'aniranji kumbali ngati ali pamaliro?"

Bambo mfumu anamuyankha kuti kufiirako ndi magazi, ndipo kambalameko kakukumbutsa chisoti chaminga. Mayiyo akudziwa kale, n'chifukwa chake akulephera kumuyang'ana mwana wake. Mkuluyo anangogwada.

Ine sindinagwade, azakhali. Maso ajambulidwawo ndi anga. A Ghino anandiona liti ndikuyang'ana kumbali chotero sindikudziwa, poti pakhomo sitikambirana zimenezi.

Mwana wathu Nuccio akudyako pang'ono. Chifuwa chija sichinasinthe. Dzulo anapempha kuti timugwirire kambalame kotero, bambo ake anangotuluka panja.

Ngati mukuganiza zodzamuona, chonde musadikire nthawi yokolola mphesa.

Ndine mwana wanu,
Tessa