Maluwa a Pakhoma Langa

Achemwali anga okondedwa,

Ndikhulupirira kuti mukudzuka bwino pamodzi ndi alamu. Nanga mwana wanga Kambalame, mphumu ija ikumupatsako tulo? Ine kuno ndilipo, kungoti chifuwa sichikundichoka.

Ndamva kuti kanema wa chipinda changa mwamuonera pafoni, ndipo mwagwirizana zoti mwanayo adzakhale ndi ine akatsekera sukulu. N'chimene chandilembetsa kalatayi.

Mayi amene ndimawakolopera mu ofesi ndi ojambula makanema. M'makanema awo mulibe sewero, mulibe wolankhula. Amangojambula makoma, zidebe ndi masitepe, n'kumaseweretsa kuwala. Anandipempha chipinda changa cha pansi pa nyumba, ati chili ndi mdima wabwino. Ndinaseka chamumtima, koma abwana sakanidwa.

Anabwera ndi magalasi akuluakulu odziyang'anirapo. Lina analiimika kumsewu, lina pamasitepe otsikira kwathu, lina pakhomo. Magalasiwo anapatsirana dzuwa mpaka linalowa m'chipinda chopanda zenera chija. Madzi odontha kudenga anangoti waliwali ngati mikanda. Ine ndinaima kukamwa yasa, osapazindikira pogona panga pomwe. Atamaliza anapakira magalasi awo m'galimoto, mdima n'kubwerera pamalo pake.

Achemwali, maluwa achikasu munawaona pakhoma aja ndi chuku. Ndimachikwecha, chimameranso. Bulangete langa siliuma, zovala zimanunkha chinyezi. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Ngati chikunditsokomoletsa ine wamkulu, nanga mwana wamphumu?

Nditawadandaulira mayiwo, anandiyankha kuti kanemayo sakunama, akungoonetsa zimene maso athu amaphonya. Iwo amagona pamwamba, pamene pali mazenera.

Pempho langa ndi limodzi: musamutumize. Ndikulemba izi mtima ukuwawa, chifukwa mwana wanga ndamusowa koopsa. Pafoni anandiuza kuti pogona wasankha kale, pansi pa maluwa paja, ndipo adzawathirira yekha. Mumuuze ndinu kuti sabwera, m'mene mungaonere. Akalira mulekeni alire, koma asaganize kuti amake sakumufuna.

Mundiperekere moni kwa alamu, kwa amalume ndi kwa ana onse. Kambalame mumusisite pamsana m'malo mwanga, ndipo m'mawa muzimukhazika padzuwa. Kwanuko ndi lenileni.

Tsalani bwino.

Ndine mng'ono wanu,
Make Kambalame