Dothi la Kumanda kwa Bambo

Nkhotakota,
9 Ogasiti 1952

Okondedwa achimwene a Lewis,

Moni wambiri. Kodi muli bwanji ku Joniko? Nanga chifuwa chija chinaleka? Kuno tili bwino. Amayi akudandaula mawondo basi, ndipo mlamu wanu Leah ndi wodwala wapakati, tikuyembekeza mwezi wa Okutobala.

Kalata yanu ndinalandira, ija munati ndileke kuseweretsa maluwa a azungu, ndikalembetse Wenela tikakumbe limodzi mgodi. Kunena zoona, padangotsala pang'ono kuti ndibwere.

Dona amene ndimamulimira maluwa ku boma anabwera ndi timaluwa tisanu ndi kamodzi kuchokera ku Tanganyika. Amatitcha mavayoleti. Masamba ake ndi aubweya ngati khutu la mbuzi. Timaluwati Dona amatikonda koopsa, mwina kuposa Bwana amene.

Ine poti ndine mwana wa mlimi wa mpunga, ndinati mbewu yaulemu ifuna dothi laulemu. Ndinakakumba lakuda bii la kudambo kwanu kuja, n'kumathirira m'mawa ndi madzulo. Kalanga ine! Mizu inaola. Tinayi tinafa sabata imodzi.

Dona anandiitana pakhonde nati tiwiri totsalato tikafa, ntchito yatha. Leah atamva analira, nati kodi mwanayu adzabadwa atate ake ali pansi pa nthaka ya eni. Ndinachita mantha, achimwene, sindikubisirani.

Amene anandipulumutsa ndi khukhi wathu, a Abdulhamid, amene anakhalako ku Tanga, ku Tanganyika komweko. Anandiseka mpaka kutsokomola, nati maluwa amenewa si mpunga. Kwawo amamera m'ming'alu ya miyala, pamthunzi, m'masamba oola. Safuna matope, afuna dothi lopepuka loti mizu izipuma.

Nanga masamba oola ndikanawapeza kuti? Kuno chaka chilichonse tchire timatentha, pabwalo timasesa. Malo amodzi okha ndiwo sapsa, sasesedwa, mtengo wake sudulidwa. Mwadziwa kale.

Apa ndiye ndikuulula. Ndinapita kumanda kwathu.

Musadzidzimuke, sindinapite mozemba ngati mfiti. Ndinayamba ndagwada kwa amalume a Fidelis. Poyamba anakana kwamtuwagalu, nati anthu akandiona ndi dothi lakumanda adzati ndikukhwima. Ndinawafunsa ngati bambo akanakondwa kuti ana awo onse awiri athere ku mgodi, amayi n'kutsala opanda wowafolerera nyumba. Pamenepo anatenga ndodo natsogola okha, dzuwa lili paliwombo kuti aliyense aone.

Pansi pa mkuyu uli kumutu kwa bambo, amalume anaomba m'manja nawauza bambo chimene tadzera. Mtumbira sitinaukhudze. Ndinangokokola zapamwamba pambali pake, lichero limodzi, zofewa ngati gaga.

Kunyumba ndinasefa, n'kusakaniza ndi mchenga wa kumtsinje, osati wa kunyanja, ndi mankhusu a mpunga owauka, ndi makala osinja pang'ono. Leah anakazinga zonse m'phale monga achitira ndi mtedza, kuti tizilombo tife. Anaumbanso timiphika tobowola pansi. Madzi ndimathira m'mbale, kamphika kazimwa kokha, masamba osanyowa.

Masabata atatu, zii. A Abdulhamid ankangoti ndikhazike mtima pansi.

Lolemba lapitali, achimwene, timaluwa tija tamasula! Tonse tiwiri, maluwa okhaokha, mtundu wa jambula wakupsa. Ngakhale masamba amene ndinabzala paokha atulutsa ana asanu ndi atatu. Dona anafuula ngati walumidwa ndi chinkhanira, Bwana n'kutuluka sopo ali kumaso. Tsopano Dona akuti m'munda mwake musalowe khasu la wina koma langa, ndipo madona a ku Dowa atumiza uthenga kuti afuna dothi la Manasseh. Atandifunsa kumene ndinalitenga ndinangoti n'lochokera kwa bambo anga. Kodi ndinanama?

Ndiye pempho langa ndi ili. Musandikwiyire za kumandako, ndipo muwauze akapitawo anu kuti malo a ntchito aja apatse wina. Ine sindibwera. Mwana wanga ndidzamulandira ndi manja anga. Inuyo kontrakiti ikatha bwerani, chifuwacho chisakumalizeni kwa eni. Zaka zisanu ndi ziwiri chimwalirireni, bambo akutidyetsabe, ndipo m'mbale muli malo anu.

Mundiperekere moni kwa a Adamu ndi onse akwathu ali kukomboniko. Amayi akuti bulangete lija likuwafunditsa bwino. Mulungu akutulutseni m'dzenjemo wamoyo tsiku lililonse.

Ndine mng'ono wanu,
Manasseh