Kalata ya Azakhali ndi Kapampu ka a Malume

ZOLEMBEDWA ZA MSONKHANO WA KOMITI YA BANDI

Tsiku: Loweruka, 14 Juni
Malo: Chipinda chosungira zida, kuseri kwa holo
Nthawi yoyambira: 2:10 masana

Opezekapo: Wapampando, Mphunzitsi wa Bandi, Anamwino (oliza chitoliro), a Ng'oma Yaikulu, Mlembi.

Oitanidwa: a Malume (lipenga loyamba, mmodzi mwa anthu amene anayambitsa bandi) ndi akazi awo, amene tonse timawatchula kuti Azakhali.

Opepesa: Msungichuma (ali ku ntchito), a Telala (akumalizitsa madiresi a ukwati).

1. KUTSEGULA

Wapampando anatsegula msonkhano ndi pemphero lalifupi. Anapempha kuti mawindo onse awiri atsegulidwe, ndiponso kuti nsanza zopukutira malipenga zitulutsidwe panja chifukwa fungo la mankhwala opukutira mkuwa limakhosomoletsa a Malume. A Malume anati iwo si dzira. Nsanza zinatulutsidwa ndithu.

2. ZOLEMBEDWA ZA MSONKHANO WAPITA

Zinawerengedwa ndipo zinavomerezedwa. A Ng'oma Yaikulu anadandaula kuti panalembedwa zoti anachedwa ndi mphindi makumi atatu, pamene zinali makumi awiri ndi zisanu. Mlembi anakonza.

3. KALATA YA AZAKHALI

3.1 Wapampando anauza msonkhano kuti alandira kalata yochokera kwa Azakhali. Kalatayo ikupempha komiti kuti iletse a Malume kuliza lipenga pa ukwati wa mwana wawo womaliza, umene udzachitike pa 28 Juni. Bandi inavomera kale kudzaguba kuchokera kutchalitchi mpaka kuholo, ndipo msewu wake ndi wa chitunda.

3.2 Wapampando anafotokoza kuti m'kalatamo munali pempho loti a Malume asadziwe amene walemba. Azakhali anaimirira nanena kuti achotsa pempho limenelo. Anati akhala m'banja zaka makumi atatu ndi zisanu ndi zitatu osachitapo kanthu kumbali, ndipo sangayambe lero, n'chifukwa chake abwera nawo okha mwamunayo.

3.3 Azakhali anakumbutsa komiti zimene zinachitika pokonzekera Loweruka lapita, pamene a Malume analekeza nyimbo pakati, n'kukhala pa bokosi la lipenga akubanika, m'chifuwa mukulira ngati kamluzu. Anati kuchipatala anawapeza ndi mphumu ndipo anawapatsa kapampu, kutanthauza mankhwala opopera m'kamwa, koma masabata atatu atha popanda kusintha kulikonse. Anapempha kuti mawu otsatirawa alembedwe monga anawayankhulira: "Oliza lipenga muli nawo ambiri. Mwana uja bambo ali naye mmodzi."

3.4 A Malume anayankha kuti alizira lipenga ana a anthu ena pa maukwati osawerengeka, kuphatikizapo wa Wapampando ndi wa a Ng'oma Yaikulu, ndipo n'zosamveka kuti pa ukwati wa mwana wawo akhale pansi manja ali m'thumba. Anati vuto si chifuwa chawo ayi, koma kapampuko, kamene mwina anawapatsa kopanda kanthu. Anayankhula modukizadukiza, ndipo kawiri anaima kuti apume.

3.5 Mphunzitsi wa Bandi anati zikumupweteka kunena, poti a Malume ndi amene anamuphunzitsa kugwira lipenga, koma akugwirizana ndi kalatayo. Anati bandi imaguba kukasangalatsa anthu, osati kukanyamula mnzawo panjira. A Malume anati, "Iwe, ndinakupukuta mamina pa lipenga langa." Mphunzitsi anavomera kuti ndi zoona, koma anati maganizo ake sanasinthe.

3.6 Wapampando anafuna kuti nkhaniyi ipite ku voti. Anamwino anapempha kuti asanavote, a Malume aonetse komiti mmene amagwiritsira ntchito kapampuko, poti chifuwa chawo chimamveka kale kuti chatsekeka. Pempholi linavomerezedwa.

4. KAGWIRITSIDWE NTCHITO KA KAPAMPU

4.1 A Malume anatulutsa kapampu m'bokosi la lipenga, mmene amakasunga pamodzi ndi mafuta ofewetsera mavalavu, timabatani ta lipengalo. Anaimirira, n'kupukuta milomo ndi kuseri kwa dzanja, n'kuwongola mapewa. Anakoka mpweya wambiri, anamanga milomo, anaika kapampu pamilomopo, anakanikiza, kenako anauzira ndi mphamvu. Kautsi koyera kanatulukira pamwamba pa kapampu n'kupita kudenga.

4.2 A Ng'oma Yaikulu anafunsa ngati imeneyo inali nyimbo yolowera kapena yotulukira. Wapampando anawaletsa.

4.3 Anamwino anafunsa mwaulemu ngati amachita chomwecho nthawi zonse. A Malume anati inde. Azakhali anati kautsiko amakaona tsiku lililonse, ndipo ankaganiza kuti ndicho chizindikiro choti mankhwala akugwira ntchito. Anamwino anati ngati ndi choncho, kwa masabata atatu amene wakhala akulandira mankhwala ndi denga la kunyumba kwawo.

4.4 Atafunsidwa ngati kuchipatala sanawaonetse kagwiritsidwe kake, a Malume anavomera kuti mtsikana wopereka mankhwala anayamba kuwaonetsa, koma iwo anamudula mawu. Anamuuza kuti, "Mwana wanga, za mpweya usandiphunzitse, ndadya za mpweya zaka makumi anayi." Anati tsopano akuona kuti akanamumvera.

4.5 Pofuna kuthandiza mamembala amene sanabwere, Mlembi akulemba pano mwachidule zimene Anamwino anafotokoza. Anati mpweya umalowa m'mapapo kudzera m'tinjira tambirimbiri tokhala ngati nthambi za mtengo, ndipo tinjirato tazunguliridwa ndi minofu. Mphumu ikayamba, minofuyo imafinya tinjirato, mpweya n'kumavutika kudutsa, ndiye kamluzu kaja. Mankhwala a m'kapampu aka amamasula minofuyo kuti tinjira titseguke, ndipo amayamba kugwira ntchito m'mphindi zochepa. Koma kuti atero ayenera kufika m'mapapomo, ndipo chimene chimawanyamula ndi mpweya wolowa. Choncho munthu amayamba wakhutchumula kapampu, n'kutulutsira mpweya wake kumbali. Akatero amalowetsa kukamwa kwa kapampu pakati pa mano n'kutseka milomo mosamanga, kenako amakanikiza kamodzi uku akukoka mpweya pang'onopang'ono mpaka chifuwa chidzaze, n'kuugwira mpaka kuwerenga khumi. Anamwino anatsindika kuti a Malume sanachite zopusa. Anati milomo yawo yazolowera kuti chinthu chikaigunda, ntchito yake ndi kuuzira.

4.6 A Malume anayeserera katatu osakanikiza, ndipo katatu konse kapampu katangofika pamilomo anauzira. Kachitatu anakaika patebulo nanena kuti basi, akalamba, komiti ichite zimene Azakhali akufuna. Azakhali anati chimene akufuna iwo ndi choti mwamuna wawo azipuma, za lipenga zibwere pambuyo.

4.7 Mphunzitsi wa Bandi anapempha kuti ayese njira ina. Anafunsa a Malume kuti amachita chiyani iye akamakweza dzanja nyimbo isanayambe. A Malume anati amakoka mpweya. Anafunsanso kuti amauzira liti. Anati dzanja likatsika. Mphunzitsi anati, "Ndiye lero silitsika, Malume. Mungoyang'ana dzanja langa."

4.8 Mphunzitsi anaima patsogolo pa a Malume monga amaimira patsogolo pa bandi. A Malume anakhutchumula kapampu, anatulutsa mpweya, n'kukaika m'kamwa. Mphunzitsi anayamba kukweza dzanja pang'onopang'ono, ndipo a Malume anayamba kukoka mpweya. Anamwino anati, "Pano," a Malume n'kukanikiza. Dzanja linapitirira kukwera mpaka linaima m'mwamba. A Ng'oma Yaikulu, popanda wowapempha, anagogoda tebulo ndi chala kakhumi. Kenako Mphunzitsi anapinda zala mofatsa monga amatsekera nyimbo, ndipo a Malume anatulutsa mpweya. Kautsi sikanaoneke. Anamwino atawerenga pepala la malangizo a kuchipatala, analola kuti abwereze kachiwiri patapita mphindi imodzi.

4.9 Wapampando analamula kuti msonkhano upume mphindi khumi. Utayambiranso, Anamwino anati kamluzu kachepa kwambiri. A Malume anati akumva ngati wina wawamasula lamba wa pachifuwa amene sankadziwa kuti avala. Anadandaula kuti zala zikunjenjemera pang'ono. Anamwino anati zimachitika ndi mankhwala amenewa ndipo kawirikawiri zimatha zokha, koma akanene kuchipatala. Azakhali anatuluka panja kwa kanthawi, ndipo atabwerera akupukuta m'maso anati linali fumbi chabe.

5. CHIGAMULO PA ZA UKWATI

5.1 A Malume anati poti mankhwala apezeka kuti ndi enieni, nkhani yatha, adzaguba. Anamwino anakana. Anati kapampu aka kamatsegula chifuwa kwa maola ochepa koma sikachiza mphumu. Anati munthu amene akubanika pafupipafupi chonchi mwina akufunikanso mankhwala ena a tsiku ndi tsiku oteteza, ndipo wonena zimenezo ndi dokotala amene anawaona, osati komiti ya bandi. Anawonjezera kuti chitunda cha kuholo chimatopetsa ngakhale anthu a mapapo abwinobwino.

5.2 A Ng'oma Yaikulu anati iwonso chitundacho chimawatopetsa, ndipo ngati pali mpando wotsala akuufuna. Wapampando anati zimenezo sizili pa ndondomeko ya lero.

5.3 Wapampando anafunsa Azakhali ngati akuchotsa kalata yawo. Azakhali anati akuchotsa theka. Anati kuguba ayi, ndipo pa zimenezo sasintha ngakhale dokotala atavomera. Koma anati mwana wawo anakula akugona ndi kudzuka ndi phokoso la lipenga limenelo, ndipo akudziwa kuti akadzalowa m'holo osalimva adzatembenuka kulifunafuna.

5.4 A Malume anafunsa kuti nyimbo zingati. Azakhali anati imodzi. A Malume anati ziwiri. Azakhali anati imodzi. A Malume anapempha kuti asankhe okha nyimboyo, ndipo palibe anatsutsa.

5.5 Komiti inagwirizana, onse asanu, kuti:

(a) A Malume apite kuchipatala Lolemba pamodzi ndi Azakhali, akafotokoze poyera kuti kwa masabata atatu mankhwala sankalowa, akafunse za mankhwala oteteza, ndiponso za kabotolo kolumikiza ku kapampu kamene kamathandiza kuti mankhwala asatayike.

(b) A Malume sadzaguba pa 28 Juni. Adzapita kuholo pagalimoto, ndipo dokotala akalola, adzaliza nyimbo imodzi ali pakhomo pamene mkwatibwi akulowa, mpando uli pambuyo pawo. Dokotala akakana, lipenga lidzatsala kunyumba ndipo a Malume sadzakangana ndi munthu.

(c) Kapampu kazikhala m'thumba la jekete, osati m'bokosi la lipenga, chifukwa bokosi limatsala pakona mwini wake ali kwina.

(d) Ngati a Malume abanika ndipo kapampu sikakuthandiza, aliyense amene ali pafupi awatengere kuchipatala nthawi yomweyo, osadikira Wapampando.

(e) Malo a lipenga loyamba akhalabe a a Malume. Wogwirizira pa kuguba adzasankhidwa ndi Mphunzitsi.

5.6 A Malume anapempha kuti zilembedwe kuti pa mfundo (b) avomera mokakamizidwa. Anapemphanso kuti zilembedwe kuti Lolemba akapepesa kwa mtsikana wopereka mankhwala uja. Zonse ziwiri zalembedwa.

6. ZINA NDI ZINA

6.1 A Ng'oma Yaikulu anakumbutsa kuti lamba wa ng'oma watsala pang'ono kuduka. Wapampando anati a Telala auzidwa ukwati usanafike.

6.2 Azakhali anafunsa ngati munthu woitanidwa ali ndi ufulu woyankhula pa zina ndi zina. Wapampando anawalola. Iwo anati Mphunzitsi sakhala kunyumba kwawo, ndipo chifuwa sichidikira Loweruka, choncho akupempha kuti awaphunzitse kakwezedwe ka dzanja kaja. Mphunzitsi anavomera. A Malume anati mayiwa akhala akuwatsogolera zaka zonsezi popanda maphunziro, sakudziwa kuti zikhala bwanji akaphunzira. Azakhali anawauza kuti asunge mpweya.

7. MSONKHANO WOTSATIRA

Udzachitika Loweruka, 12 Julayi, nthawi ya 2:00 masana, m'chipinda chomwechi. Anamwino adzapereka lipoti la za Lolemba, ngati a Malume alola.

8. KUTSEKA

Wapampando anathokoza onse, makamaka Azakhali chifukwa chobwera iwo eni, ndipo anatseka msonkhano nthawi ya 4:05 madzulo. Mphunzitsi, a Malume ndi Azakhali anatsalira m'chipinda pa phunziro la mfundo 6.2. Pamene Mlembi amatuluka, Azakhali anali akukweza dzanja mothamanga kwambiri, ndipo a Malume anali atawagwira chigongono, akuwauza kuti, "Pang'onopang'ono, mayi, ndikupumira pamenepo." Kiyi anasiyidwa kwa Mphunzitsi.

Wapampando: ______________________     Tsiku: ____________

Mlembi: ______________________     Tsiku: ____________