Kadikira, nyenyezi ya atate

Lolemba, 14 Okutobala

Kutentha koopsa. Ku kampu ya alendo oona nyama ku Nkwali ndachapa ndi kusita mashiti mpaka msana kuuma. Pofika kunyumba, atate ali pampando wawo pabwalo, nkhope kumwamba. Akuti yatulukanso. Nyenyezi yawo ija, pamwamba pa mvunguti, mbali ya kumtsinje. Dzuwa n'kuti lisanalowe n'komwe.

Anaipatsa dzina, Kadikira. Akuti ndi malemu amayi, a Delia. Inayamba kuoneka sabata lomwe achibale a amayi anabwera kudzawasudzula, kuwauza kuti maliro atha, akhoza kukwatiranso. "Iwo anandisudzula, koma Delia sanavomere."

Ndayang'ana mpaka misozi. Thambo lokhalokha.

Lachinayi, 17 Okutobala

Ndinapempha a Enos, gaidi wa pa kampu, adzere kwathu ndi foni yawo yodziwa nyenyezi. Ukailoza kumwamba imatchula mayina. Analoza pa mvunguti. Palibe. Kenaka m'malo mongokhala chete, anayamba kufotokoza za nyenyezi zina zimene zinazima kalekale koma kuwala kwake kukadali m'njira kubwera kuno. Anangothira mafuta pamoto. Atate: "Wamva, Dora? Yafa koma ikuwala. Si zimene ndikunenazi?"

A Enos anakwera njinga yawo akuseka. Ine ayi.

Lamlungu, 20 Okutobala

Nkhani yafika ku tchalitchi. Azimayi awiri akuti nawonso anaiona. Wina akuti ndi yofiira, wina yoyera. Anthu a kuno, ukawauza kuti ng'ona yavala nsapato adzakuuza ndi saizi yomwe. Akuti mwezi uli ndi akazi awiri, wa m'mawa ndi wa madzulo, ndipo uyu ndi wachitatu amene anakana mitala, n'chifukwa chake amakhala payekha. Ena akuti ikadzatsika mvula igwa.

Madzulo azimayiwo abwera kudzakhala ndi atate, maso onse kumwamba. Chimwalirireni amayi, atate sanasekepo chonchi. Ndikwiye kapena ndithokoze?

Lachitatu, 23 Okutobala

Ku kiliniki. A sisita Namukolo anawaunika ndi katochi. Ng'ala maso onse awiri, ya kumanzere yakhwima kwambiri. Akuti ng'ala imamwaza kuwala, kadontho kamene akuonako kali m'diso momwemo. Anawafunsa: "Mukatembenuza mutu imakutsatani, si choncho atate?" Iwo: "Eya. Delia analinso choncho."

Madokotala a maso abwera ku chipatala chachikulu pa 6 Novembala. Atate akanitsitsa. "Mukufuna kundichotsera mkazi ndi mpeni."

Sopo watha. Tayala la njinga laphwanso.

Lolemba, 28 Okutobala



Ndafika, mpando uli wokha, ndodo palibe. Ndawapeza kuseri kwa mango a kwa a Fabiano, akuyenda nkhope kumwamba. Kutsogolo kwawo njovu zikugwedeza mitengo, kamwana kali pambali pa make. Fungo lake lija. Sanaione ngakhale imodzi. Njira yomweyo, nyengo ya mango yomweyo imene njovu inapondera amayi chaka chatha.

Ndinawakoka malaya mpaka mabatani kuthothoka. Iwo osadandaula: "Inatsika pang'ono. Imandiitana."

Sindingawamangirire pamtengo ngati mbuzi. Ntchito sindingasiye. Mulungu wanga, ndatopa. Ndikuopa kuti ndidzaika awiri chifukwa cha njira imodzi.

Loweruka, 2 Novembala

Ndanama. Ndakhala nawo pabwalo, ndaloza pa mvunguti, ndati ndaiona. Ananditembenukira msangamsanga. Yotani? Ndati yaying'ono, yonjenjemera ngati moto wa koloboyi. Analira, mkulu wonseyo.

Ndiye ndati, ngati ine wa maso abwino ndikuiona, ndiye kuti siili m'diso lanu, mpeni suikhudza. Kenaka atate: "Chabwino. Ndipita. Undisungire."

Lachisanu, 8 Novembala

Atate anawachita opaleshoni diso limodzi Lachitatu, lero achotsa bandeji. Aona nkhuku, aona bowo la padenga, aona imvi zanga n'kundiseka kuti ndakalamba kuposa iwo. Ndasangalala mpaka kuphika nkhuku yomwe anaionayo.

Madzulo atulutsa okha mpando. Ayang'ana, ayang'ana. Atseka diso latsopanolo, ayesa linalo. Chifunga basi.

"Ilipo, Dora?" Ndati ilipo.

Bola akanandikalipira. Anangoti: "Ndiye yasamukira kwa iwe. Ikatsika usaitsate." Alowetsa mpando m'nyumba. Nkhuku sanadye.

Lachiwiri, 19 Novembala

Atate ali bwino. Dzulo anaona njovu zili patali, anabwerera okha. Akonza mpini wa khasu. Za nyenyezi satchulanso. Mvula yoyamba yagwa, azimayi aja akuti Kadikira yatsika monga ananenera, ndipo asiya kubwera.

Vuto ndi ine. Lachisanu posita mashiti, kadontho kowala pansalu. Ndinati ndi thukuta. A sisita Namukolo akuti maso anga alibe kanthu, ndi kutopa chabe, ndizigona mokwanira.

Lero pochokera kuntchito nyenyezi ija inali pamwamba pa mvunguti. Yaying'ono, yonjenjemera, ndendende mmene ndinanamira. Ndatembenuza mutu kuti inditsate, ndidziwe kuti ili m'diso. Siinanditsate. Yakhala pomwepo.

Pozindikira ndili kale kuseri kwa mango a kwa a Fabiano, patapata imodzi palibe, atate akuthamanga kumbuyo akufuula dzina langa. Pamene ndinapatukira njira sindikukumbuka. Anandigwira chitenje, sanafunse kanthu. Inenso sindinawauze kuti inali itatsika pang'ono, ndipo imandiitana.