Sitima za apongozi zikuyenda, mawu okha ndiwo asowa

Aphungu,

...ndiye apongozi anga aja anangoti, "Sizoipa ayi," n'kudzuka kukatsuka kapu yoti inali yotsukatsuka kale. Munthu wa kuno ku Minnesota akakuuza kuti sizoipa kwinaku akutsuka kapu yoyera, dziwa kuti nyumba yapsa.

Pepani, ndayambira pakati ngati munalipo. Ndiyambe bwino.

Ine ndimayendetsa galimoto yokokolola chipale chofewa m'misewu ya kuno ku Duluth. Sukulu sindinapite nayo patali, koma pa nkhani ya makompyuta musandiyese. Mutandipatsa makina ochapira zovala m'mawa, pofika madzulo mukhala mukusewerapo gemu ya mpira, zovala zikuchapika. Mpingo wanga ndi Linux, pulogalamu yoyendetsa kompyuta yomwe imapikisana ndi Windows. Mukudziwa inu kuti magemu ambiri anawapangira Windows, ndipo kuti ayende pa Linux pamafunika kapulogalamu kokhala ngati womasulira: gemu ikalankhula chinenero chake, iko kamauza Linux zimene yanena. Womasulira ameneyo ine ndimamudziwa mpaka kwawo. Pa bwalo lathu la pa intaneti, pomwe timauzana kuti gemu yakuti ikuyenda kapena ayi, anthu akaona dzina langa amavula chipewa.

Pa chakudya cha chikondwerero chothokoza cha Thanksgiving chapitachi, nkhukundembo ili patebulo, abale onse ali kalikiliki kutafuna, ndinaimirira n'kugwira ndevu zanga. Ndevu zangazi si zamasewera, Aphungu. Nyengo yozizira sindigula sikafu, ndipo mbalame ziwiri zinabwerapo kudzafunsa malo. Ndinalumbira kuti tsiku limene ndidzaike Windows pa kompyuta iliyonse ndi manja angawa, ndidzazimeta zonse mpaka chibwano chiwale ngati dzira. Mlamu wanga Curtis anajambula zonse pa foni. Mpaka lero akandiona amandifunsa ngati ndikufuna andigulire lezala, ine n'kumuuza kuti ayambe wameretsa zake, chifukwa zomwe ali nazozo ngakhale mbuzi ingachite nazo manyazi.

Tsono apongozi anga, a Rolf, amakhala nafe m'chipinda chapansi chimwalirireni akazi awo. Anagwira ntchito yoyendetsa sitima za pa njanji mpaka kupuma. Achimwene awo aakulu, a Verner, ali ku Minot ku North Dakota, nawonso ntchito yawo inali yomweyo. Anthu awiriwa ndi miyala. Pa maliro a apongozi anga aakazi anagwirana chanza, wina anafunsa kuti msewu unali bwanji, wina anati woterera, kupepesana kunathera pomwepo.

Koma Lamlungu lililonse akaweruka kutchalitchi amakumana mu gemu yoyendetsa sitima, uyu pa kompyuta yake kuno, uyo pa yake ku Minot, ndipo amasanduka anthu ena. Njanji yake ndi imodzi, wina amachokera kum'mawa, wina kumadzulo, ndipo pakati pa chigwa pali malo opatukira pomwe sitima imodzi imaima kuti inzake idutse. Pamenepo onse awiri amaima dala. Mu gemumo muli ovaova ngati ya kuntchito kwawo kale: ukadina batani umalankhula, ukasiya umamvera. Amayamba ndi kunyozana kuti wina amagwira mabuleki ngati mwana wa sukulu, kenako mawu amatsika, n'kumakamba za mabondo, za munda wa makolo awo, za akazi awo. Mkazi wanga Janelle akuti kuseka koyamba kwa bambo ake chichitikireni maliro anakumva sitima zili pamalo amenewo.

Kompyuta ya apongoziyo inkachedwa kuyaka moti ukanatha kuphika khofi, kumwa, n'kukwatitsa mwana. Tsiku lina atapita kukawedza nsomba pa nyanja youndana, ndinatsika, n'kufufuta Windows ndi zonse zinalimo, n'kuikamo Linux. Sindinawafunse, chifukwa mphatso safunsa. Ndipo sitima zija zikuyenda, Aphungu, kuyenda kwake kosaoneka n'kale lomwe. Udzu wa m'mbali mwa njanji mungauwerenge umodziumodzi. Ndinathamangira pa bwalo lathu lija kukalemba kuti gemuyi ikuyenda bwino kwambiri, palibe chovuta chilichonse.

Ovaova yokha ndiyo yakana. Womasulira uja akafika pa mawu amangoti kukamwa yasa. Masabata apitapo ndikulimbana nayo. Anzanga a pa bwalo ena akuti kwa iwo ikuyenda, ena akufunsa kuti kodi gemu ya sitima munthu amafuniranji kulankhula. Ndinayesa kuwaimbira a Verner foni n'kuiika pambali pa kompyuta. Anafunsana za chipale, wina anati chagwa, wina anati kunonso, kenako a Verner anati asatithere nthawi, n'kudula. Apongozi anandiuza kuti foni ndi ya uthenga wa maliro ndi ya kuchipatala, munthu suungangoigwira uli chete.

Lamlungu lapitali ndinaima kumbuyo kwawo, ati kuona ngati zithunzi zikuthamanga bwino. Anafika pamalo opatukira paja. Sitima ya a Verner inali itaima kale, nyali ikuyaka. Apongozi anadina batani mwachizolowezi, nati, "Achimwene, mwafika msanga lero. Kodi mabuleki aduka?" Kunali zii. Anadinanso, zii. Kenako a Verner analiza hutala kamodzi, motalika kwambiri. Apongozi anayankha ndi hutala wawo kawiri mwachidule, monga ankachitira pantchito posonyeza kuti amva. Sitima ziwiri zija zinangoyang'anizana mpaka khofi anazizira m'kapu. Atazimitsa ndinawafunsa kuti akuiona bwanji kompyuta yatsopanoyi, ndipo mpamene anandiyankha zija ndayamba nazo.

Madzulo ake Janelle anandiitanira ku galaja n'kutseka chitseko. Mwana wa a Verner anamuimbira. Bambo akewo akukachitidwa opaleshoni ya mtima mkati mwa sabata yamawa, ndipo madokotala sakulonjeza kanthu. A Verner analetsa aliyense kuuza mng'ono wawo, ati amuuza okha pa njanji. Hutala wautali uja anali wa nkhani imeneyo. Janelle sanakweze mawu. Anangoti, "Bambo sanakupemphe kompyuta yothamanga. Ndevu zakozo uchite nazo zimene ukufuna, koma Lamlungu likubwerali bambo aakulu amveke."

Aphungu, ndatsala pang'ono. Munthu wina wa ku Finland pa bwalo lathu akuti ali ndi njira, kungoti imafuna kumanganso womasulira uja kuchokera pansi, ndipo iye mwini inamuyendera kamodzi. Ndikaika Windows, Curtis aonetsa kanema uja pa ukwati uliwonse mpaka ndidzafe. Kodi ndilimbikire? Kapena, poti ndinalumbira kuti "ndi manja angawa", ndingamuuze Janelle kuti azidina ndiye, ine ndikungoloza ndi chigongono?

T.B., Duluth

A T.B.,

Kalata yanu ndaiwerenga kawiri. Ulendo woyamba ndinaseka mpaka mkazi wanga anabwera kudzaona ngati ndatsamwa. Wachiwiri sindinaseke.

Choyamba tichotse bodza limene mwadzinamiza nokha. Gemuyo sikuyenda. Inu mukuwerenga udzu, koma madala awiriwo sanabwerere udzu. Sitimazo ndi chonamizira chabe, ngati mmene amuna ena amatsegulira boneti ya galimoto yabwinobwino kuti apeze poyang'ana akamakamba zowawa. Gemu yawo yeniyeni ndi kabatani kaja. Ovaova imalola munthu kukhala chete popanda wina kufunsa kuti muli pomwepo kodi, ndipo anthu ngati apongozi anu amafunika chete wambiri kuti atulutse mawu amodzi. Inu mwakonza zonse n'kuphwanya chokhacho chimene iwo ankagwiritsa ntchito.

Musandione ngati mdani wa mpingo wanu. Ine Linux ndinayamba kuigwiritsa ntchito inu mukuyamwa chala, ndipo m'nyumba mwanga ngakhale belu la pakhomo limaidziwa. Koma njira ya munthu wa ku Finland, yomwe inamuyendera kamodzi, si mlatho wowolotserapo nkhalamba ya mtima wodwala. Mwatsala ndi Lamlungu limodzi. Muyeserere pa kompyuta yanu, chaka chonse ngati mukufuna, osati pa Lamlungu la eni ake.

Chitani izi lero, osadikira Loweruka. Gulani disiki ina yatsopano. Chotsani ija munaikapo Linux muisunge m'kabati, kuti mtima wanu usasweke kwambiri. Pa yatsopanoyo ikanipo Windows, mukopere gemu ija, mulowe ndi dzina la apongozi anu kuti sitima yawo ndi njanji yawo zibwerere. Kachizindikiro ka gemuyo mukaike pakona pomwe kanali, ndipo batani lolankhulira likhale lomwe chala chawo chinazolowera. Musawonjezepo luso lililonse. Ndikukudziwani anthu a mtundu wanu, mumati mukungokonza pang'ono, kenako kwacha.

Mukatero muimbireni mwana wa a Verner uja, akhale pa kompyuta ya bambo ake, muyese ovaova mbali zonse ziwiri, iye akumveni, inunso mumumve. Muchite zimenezi kusanafike Lamlungu, kuti china chikavuta mukhale ndi mpata. Kenako mubwerere pa bwalo lanu lija mukakonze zimene munalemba. Munene zoona, kuti sitima zikuyenda koma mawu sakudutsa. Kwinakwake kuli mkamwini wina wandevu amene wawerenga mawu anu ndipo akuyang'ana kompyuta ya apongozi ake ndi diso loipa.

Kwa a Rolf musakonze ulaliki. Muwauze kuti munalakwa kugwira chinthu chawo osawafunsa, ndipo mwabwezeretsa. Adzati palibe kanthu, mwina n'kukatsukanso kapu. Zisiyeni choncho, amva.

Za chigongono zija, ayi. Janelle ali ndi zokwanira zomudetsa nkhawa, musamusandutse chala chanu. Munalumbira pamaso pa nkhukundembo ndi abale, ndiye metani. Ndipo mumete nokha Curtis asanakufunseni, mumutumizire chithunzi, kanema wakeyo asanduke wopanda ntchito. Munthu amene wadziseka yekha savuta kumuteteza. Inenso zinandionekerapo. Ndinali ndi ndevu zofika pa lamba, zoti pokwera basi ndinkalipira mipando iwiri, ndipo ndinazimeta nditaluza mkangano wonga wanu womwewu. Mwezi usanathe zinali zitamera zoposa kale.

Chenjezo langa ndi ili. Nkhani ya opaleshoni si yanu. Musaitchule, musaizungulire, musayang'ane apongozi anu ndi nkhope ya maliro. A Verner anasankha malo awo onenera, inu ntchito yanu ndi kuonetsetsa kuti batani likugwira. Ndipo Lamlungulo, mukaona kuti gemu yayaka, tulukani. Musaime kumbuyo kwa mpando, musakhale pa masitepe ngati mukumanga nsapato. Tengani fosholo mukakokolole chipale kwa aneba, ngakhale chitakhala kuti sichinagwe. Apongozi akadzakwera kuchokera pansipo, apeze khofi wotentha ndi mwana wawo, osati munthu wofunsa kuti zithunzi zinali bwanji.

Ndisanatseke, ndiulule kanthu kamodzi. Za ndevu zanga zija ndakunamizani. Chibwano changa chibadwire sichinamerepo kanthu, ndimachita kusilira za anzanga, choncho sindikudziwa ngati zimameranso msanga kapena ayi. Metanibe. Zikachedwa mudzagula sikafu ngati anthu ena onse. A Verner alibe sitolo yokagulako Lamlungu lina.