Kachewere wa pa Ukwati wa Agnesi

Amayi, kumeneko mukukhalako bwanji? Kuno tilipo. Chikuikireni m'manda zachitika zambiri, ndiye ndati ndikhale pansi ndikuuzeni.

Achemwali a Maliya anachira bwino, mwana wamkazi. Chala chake chakuphazi n'chopindika ngati chanu. Mtedza takolola wambiri chaka chino, koma chimanga cha m'nkhokwe yakale ija anankafumbwe achiyamba kale. Mbuzi yanu yamawanga inagwidwa ndi fisi. Ine ndikadali kukhitchini kumishoni, kuphikira ansembe.

Nkhani yaikulu ndi ya Agnesi. Chitsirizira chanu chakwatiwa, Amayi. Mwamuna wake ndi Lazaro wa ku Zingalume, wofatsa, mmisiri wa zitini ndi ndowa. Vuto linali kwa amayi ake, a Nabanda. Kwawo ndi a gule, ndipo Lazaro atabatizidwa, iwo anati Agnesi wawabera mwana. Anavomera kubwera ku ukwati, koma ananeneratu kuti m'tchalitchi salowa ndipo chakudya chathu sakhudza. Amalume anada nkhawa. Anati mpongozi akachoka ndi njala, banja layamba ndi chilonda.

Munkanena kuti pa ukwati wa Agnesi mudzaphika mpaka alendo adzabwerere kwawo pa ngolo. Ntchitoyo inagwera ife. Mpunga, nkhuku ndi thobwa anagwira ndi amayi a m'mudzi. Ine ndinasankha kachewere wina amene anandiphunzitsa Bambo wamkulu wa kumishoni, ndipo timangomuphika kukabwera Ambuye Bishopu.

Ndinamusenda, kumuwiritsa, kukhetsa madzi onse, n'kumusiya pamoto pang'ono kuti aume. Kenako ndinamukanya ndi mthiko n'kumudutsitsa pa sefa yanu ya ufa kuti pasatsale mibulu. Ndinathira batala, mchere ndi zofiira za m'kati mwa mazira. Kathumba kofinyira ndinasoka ndekha ndi nsalu yoyera. Kumsonga kwake ndinaikako kachitini kamene Lazaro anakapinda n'kukadula mano ngati a sowo. Ukamafinya uku ukuzunguza dzanja, kachewereyo amatuluka ndi mizere, n'kukwera m'mwamba ngati chigoba cha nkhono. Zoyamba zinaphwasuka chifukwa anali akadali wotentha. Ndinazibwezera m'thumba n'kudikira.

Kumudzi kulibe uvuni, ndiye ndinachita momwe munkachitira ndi chikondamoyo: mphika wachitsulo, makala pansi, makala pachivundikiro. Ndinayamba ndazipaka dzira ndi nthenga ya nkhuku. Zinapsa bwino, m'mizere mofiirira, m'kati mofewa.

A Nabanda anali atakhala okha pansi pa mango wa kuseri kwa nyumba yanu, atafunda nsalu mpaka kumutu. Ndinakumbukira mawu anu aja, akuti munthu wokwiya umupatse chotentha kuti pakamwa papeze ntchito ina. Ndinaika zingapo m'mbale yanu yamaluwa n'kupatsa Agnesi. Anapita, nagwada. Ine ndinaima pa nkhokwe n'kumaonerera.

A Nabanda anayang'ana mbaleyo osalandira. Kenako anafunsa kuti n'chiyani. Agnesi anati ndi kachewere. Iwo anati, “Kachewere ndimamudziwa ine. Uyu wachita kuvala.” Agnesi anawauza kuti wophika ndi mlongo wake, koma mizereyo ndi ya kachitini kamene anadula mwana wawo. Anatola chimodzi, nachitembenuza, nayendetsa chala m'mizeremo. Anati Lazaro anayamba kudula zitini ali wamng'ono, ndipo ankawathera zivundikiro. Atatero analuma.

Anadya ziwiri. Zina anapempha tsamba la nthochi kuti akulungire amuna awo, amene anatsala kumudzi chifukwa cha miyendo. Agnesi anali chigwadire. Iwo anasuntha pamphasa nati, “Dzuka, mawondo apweteka. Kanditengerenso nkhuku ija, udzakhale apa.”

Sindikuti zonse zatha, Amayi. Pochoka sanatsanzike aphunzitsi a tchalitchi, ndipo Lazaro amamuitanabe dzina lake lakale. Koma sabata yatha anatumiza mphika watsopano ndi thadzi, ati ndi za mpongozi wawo. Agnesi analandira, nalowa nazo m'nyumba, ndipo anatuluka maso ali ofiira. Anati akanakonda mukanauona mphikawo.

Lazaro wayamba kumanga nyumba pafupi ndi ya a Maliya. Udzu tamweta kale. Amalume akalamba tsopano, ndipo anandiuza kuti za mbumba yanu ndiziyamba kuziona ine. Ndavomera. Alongo angawa ndi ana awo ndidzawasunga, ndipo mvula isanagwe ndibwera ndi khasu kudzalambula pamene mwagonapo.

Ndimakukondani, Amayi.

Ndine mwana wanu,
Filipo