Tsabola wa M'mphepete mwa Duku

4 Novembala

Foni iwe, lemba bwino. Ndine Nazmi wa ku Nallıhan, bambo wake wa Nurten. Sukulu ndinaisiya dzanja lisanazolowere cholembera, ndiye mwana wanga anakukonza kuti uzilemba zonena zanga. Anati kuli bwino ndizilankhula ndi iwe kusiyana ndi mbaula.

Lero phukusi lochokera ku Bursa, kumene Nurten anakwatiwa. Duku loyera, lopepuka. Pakati maluwa opeta ndi ulusi wagolide. M'mphepete monse titsabola tofiira toluka ndi singano. Manja a mwana wanga! Ndalitembenuza, kumbuyo n'chimodzimodzi kumaso, mfundo osaoneka. Malemu mayi ake, Saniye, ankati wopeta amadziwika kuseri kwa nsalu.

6 Novembala

Nurten waimba. Mwachidule monga mwa masiku onse, mwamuna wake Ertan akutsokomola chapafupi. Kusukulu yopeta akumuyamikira. Awatulutsira matawulo akalekale a m'nyumba za mafumu, ogwira utavala magolovesi, kuti aone mmene akale ankayendetsera singano. Pomaliza akuti, "Ababa, dukulo mukawaonetse amayi aakulu. Musaiwale." Wanena kawiri.

Amayi aakulu ndiwo a Nezahat, mkulu wake wa Saniye. Sitilankhulana chichitikire ukwati wa Nurten. Ankati mkamwini wanga amaseka ndi mano okha. Ndikawaonetse kuti akapezemo chonena? Toto.

9 Novembala

Duku lija ndapita nalo komwera tiyi. Ndinayamba ndapukuta tebulo. Cemil wometa uja akuti, "Nazmi, wayamba maduku? Likukukhala ndithu, koma bwera ndikuchotse ndevu." Onse kuseka. Nditawauza za matawulo a mafumu anangoti pakamwa yasa. Tiyi ndawagulira onse.

Kunyumba zii. Supu wa mphodza wadzulo. Mbale imodzi, supuni imodzi.

17 Novembala

Kwayamba kuzizira. Nkhuni zakwera mtengo. Nurten sanaimbe Lamlungu. Ndaimba ine, wayankha Ertan: "Ali pa singano, ababa, tisamusokoneze." Mwaulemu ndithu. Duku lili pamwamba pa bokosi la Saniye. Ndikadutsa ndimalikhudza.

23 Novembala

A Nezahat abwera okha, ndi ndodo yawo, osagogoda. Anamva kwa mkazi wa Cemil. "Alamu, mwaonetsa duku kwa amuna a tauni yonse, anthu osasiyanitsa singano ndi msomali. Bweretsani kuno."

Apita nalo pawindo. Maluwa agolide sanawayang'ane n'komwe. Zala zawo m'mphepete, tsabola mmodzimmodzi. Kenako akhala pansi. Afunsa tsiku limene linafika. Ndawauza. Akuti, "Imvi zonsezi n'zokongoletsa mutu basi?"

Akuti kwathu kuno mtsikana wokwatiwa sadandaula ndi pakamwa, amalankhula ndi m'mphepete mwa duku. Udzu wobiriwira, ndiye kuti ali pamtendere. Tsabola, banja likumuwotcha. Ine ndati ndi phunziro la kusukulu chabe. Iwo akuti, "Maluwa apakatiwa ndiwo a kusukulu. Tsabolayu ndinamuphunzitsa ndine, pakhonde panu pomwepa, tanthauzo lake ndinamuuza. Saniye akanakhalapo akanamva tsiku lomwelo."

Mwana wanga analira, ine n'kutenga kulirako kukagulira anthu tiyi.

Fufuta zimenezo. Ayi, zisiye.

24 Novembala

Ndinavala jekete kuti ndikakwere basi. A Nezahat anditsekereza pachipata. "Mukafika akakupatsani khofi, mwana akamwetulira, inu mubwerako. Zotsalazo akazimva yekha." Akuti wafunsa ndi singano, tiyankhe ndi singano, pakuti foni ndi makalata zimadzera kwa Ertan.

Koma zala zawo zinapindika ndi nyamakazi. Mkazi wina sitingamuuze, mawa nkhani ili pamsika. Watsala ndani?

28 Novembala

Lemba kuti ine Nazmi, amene ndinayendetsa thirakitala mpaka kukalamba, ndikuphunzira kupeta. Makatani otseka.

Kansalu koyera ka m'bokosi la Saniye, kokungidwa pa mkombero wamtengo. Sujambula. Umawerenga ulusi wa nsaluyo, kulumpha pang'ono, kulowetsa, kubwerera momwe wadzera kuti kuseri kufanane. Maso akuyabwa. Chala chatupa. A Nezahat pambali ndi tiyi wanga, shuga wanga: "Alamu, mukupeta kapena mukusoka thumba la anyezi? Masulani." Ndamasula. Ndamasulanso.

Chimene ndikupeta: nyumba yathu, mtengo wa mabulosi pambali, chitseko chotsegula. Akuti akale analibe chithunzi chotere. Ndati akale sanali bambo ake a Nurten. Pochoka anandisiyira buledi.

2 Disembala

Yatha. Denga lapendekeka, mtengo ukuoneka ngati tsache. Kuseri chisa cha mpheta. Kiyi wa pakhomo, uja ankasunga Saniye, tamusokerera m'kati mwa mpendero, titamukulunga thonje kuti asamveke. Kansaluko takulungira mabulosi ouma, tapereka kwa woyendetsa basi ya ku Bursa.

Ndaimba, wayankha Nurten mwini wake. Ndalankhula pang'onopang'ono monga ndimachitira ndi iwe. Ndati mabulosi ali m'njira, kansaluko ndi ntchito yanga, akaone ndi m'mphepete momwe. Iye anangoti, "Ndamva, ababa."

6 Disembala

Woimba lero ndi Ertan. Akuti mabulosi ndi okoma. Kansaluko aseka mpaka misozi: "Wapeta ndani, ababa, mwana wa mkaka?" Ndaseka naye. Mano okha. Nurten sanabwere pafoni.

Kaya kiyi anamupeza ndani.

11 Disembala

Palibe. Chipinda cha Nurten ndasesa, bulangete ndaliyanika pafupi ndi mbaula. Komwera tiyi sindikupitako. Cemil anatumiza mawu kuti kodi duku linandithina.

A Nezahat akuti ndisaimbe. Akuti ena amachoka pabanja, ena amangofuna kuti wina adziwe, ndipo tsabola amavalidwa mpaka ku ukalamba. Ndati wanga ayi. Akuti, "Aliyense amatero."

Chitseko chino sitinkachikiya masana, ngakhale Saniye ali moyo. Tsopano ndikukiya. A Nezahat akudandaula kuti ndawasandutsa mlendo wogogoda. Sindinawauze chifukwa. Wogogoda ndi wina aliyense. Ndikufuna ndidzamve kiyi uja akulowa ndili mkati muno.

15 Disembala

Chipale, madzi oundana oyera ngati ufa aja, chikugwa chiyambire m'mawa. Basi ya masana yadutsa kumsewu, ndinaimva ikuima, kapena ndi makutu a ukalamba. Supu ndaphika wambiri, ndataya dzulo wina. Ndatenganso singano kuti manja asangokhala. Pa kansalu kena ndikuyesa udzu wobiriwira uja. Wovuta kuposa nyumba. Ukangokoka kwambiri ulusi umakwinyika, ukalekerera umalendewera. Mwina Saniye ankadziwa kuti

Dikira.

Pakhonde pali munthu. Akugwedeza chipale kunsapato. Ndodo sindikuimva.

Sakugogoda.

Foni iwe, leka kulemba. Kiyi akuzungulira m'chitse—